Mmene mungafukulire mbiri ya munthu wakale wa kiriketi ndi foni yokha, ine ndinayesera pa Lionel Tennyson

Mphwanga, mwana wa mlongo wanga, amasewera kiriketi ku Highfield kuno ku Harare, ndiye tsiku lina anabwera kwathu ku Mufakose ndi pepala akuti amalume tandionereni, kusukulu atiuza tilembe mbiri ya kaputeni wakale aliyense wa timu ya dziko ndipo ine andipatsa mzungu wina wa timu ya England dzina lake Lionel Tennyson. Nditayang'ana pepalalo ndinaona kuti mwanayu wangokopera tsamba limodzi la pa intaneti basi, wabadwa liti, wafa liti, wagoletsa zingati, kwatha. Ndinamuuza kuti iwe khala pansi, apa walemba manda ake osati munthu. Tinatha masabata awiri tikufukula madzulo aliwonse magetsi akakhalapo, ndipo njira yomwe tinayenda ndi imene ndikufuna ndikusiyireni apa abale anga, chifukwa ndikudziwa kuti ana athu ambiri ku Highfield, ku Glen View, ku Mabvuku akugwira bati masiku ano ndipo ntchito ngati iyi iwapeza ndithu.

Musanayatse n'komwe data, gulani kope la masamba ochepa ndipo muligawe patatu. Munthu ngati uyu anakhala miyoyo itatu, wa pabwalo la mpira, wa ku usilikali ndi wolemba mabuku, ndipo moyo uliwonse unasiya mapazi ake pamalo osiyana, nde mukasakaniza zonse pa tsamba limodzi mutu uzungulira. Chilichonse mwapeza lembani ndi komwe mwachipeza pambali pake, olo ndi mawu awiri okha. Sikirinishoti ndi yabwino koma foni imadzadza ndipo mwana amafufuta kuti alowetse gemu, kope silifufutika.

Ndiye dzina. Apa ndi pomwe anthu ambiri amasochera tsiku loyamba lomwe. Mabanja a azungu olemera ankabwereza maina ngati ife timatchulira mwana dzina la agogo ake, choncho mukangolemba Lionel Tennyson mupeza awiri, wina ndi mwana wa mlakatuli wotchuka Alfred Tennyson yemwe anamwalira mu 1886, ndipo wathuyu ndi mdzukulu wa mlakatuliyo, anabadwa mu 1889 ku London n'kumwalira mu 1951. Nthawi zonse sakani dzina limodzi ndi chaka chobadwa. Komanso dzina limasintha munthu akamakula, mu nyuzipepala za kale mumupeza ngati Hon. L. H. Tennyson, nkhondo yoyamba ya dziko lonse itatha ena akumulemba Major Tennyson, kenako kuyambira 1928 bambo ake Hallam atamwalira wasanduka Lord Tennyson. Mukasaka ndi dzina limodzi lokha mwataya theka la moyo wake. Bambo akewo, tingodutsapo, anakhalapo bwanamkubwa wamkulu wa Australia, ndiye mnyamatayu mbali ya ubwana wake anakulira komweko kwa anthu omwe anadzamenyana nawo pabwalo atakula.

Yambani ndi manambala chifukwa ndi osavuta kupeza ndipo sanama kwambiri. Pa ESPNcricinfo ndi ulere, mumupeza kuti anasewera ma Test 9 okha, magemu a masiku angapo a pakati pa mayiko, n'kupeza ma run 345, zomwe ndi zigoli za pa kiriketi, avareji 31.36. Muuzeni mwana awerengetsere yekha, avareji ya womenya siigawidwa ndi magemu ayi, imagawidwa ndi maulendo omwe anamutulutsa, nde 345 kugawa ndi 11 ikupatsani 31.36 ija. Mphwanga atazipeza yekha pa kakyuleta ya foni nkhope inawala, kuyambira pamenepo anasiya kuona manambala ngati zokongoletsa tsamba. Ma Test asanu oyambawo anali a ulendo wa ku South Africa wa 1913 mpaka 1914, anayi enawo ndi a 1921, ndiye funso loyamba loti mwana alembe m'kope ndi loti nanga pakati ponsepa anali kuti? Mpata ngati umenewu mukauona musaudumphe, mbiri yeniyeni imabisala m'mipata.

Koma tisanapite ku nkhondo tiyeni tikhazikike pa scorecard, khadi lolembapo zonse zomwe zachitika m'gemu, chifukwa kwa ine apa ndi pomwe pali nyama. Scorecard yakale siiwerengedwa ngati zotsatira za mpira wamiyendo kuti 2 kwa 1 basi, imawerengedwa mzere ndi mzere kuchokera pamwamba. Sakani gemu ya Warwickshire ndi Hampshire, matimu a zigawo za ku England, ya June 1922 pa Edgbaston ku Birmingham, Tennyson ali kaputeni wa Hampshire. Warwickshire inayamba kumenya n'kupeza 223. Hampshire italowa inathera pa 15, inde 15 timu yonse, ola lisanakwane n'komwe. Tsikani ndi chala muone, anthu eyiti atuluka opanda kanthu, Phil Mead ali ndi 6 ndi kanyenyezi pambali kusonyeza kuti iye sanatulutsidwe, kaputeni mwini 4, wina 1, ndipo 4 enawo ndi ma bye oti mpira unangodutsa wogwira kumbuyo. Oponya anali awiri okha, Harry Howell anagwetsa mawiketi 6, kutanthauza kutulutsa omenya sikisi, ndipo Freddie Calthorpe 4. Poti anatsalira ndi 208 anawauza kuti amenyenso pompo, chomwe pa kiriketi amati follow-on, ndipo anagwa anthu sikisi ngongole ija isanathe. Aliyense wanzeru akanalongedza katundu. Koma George Brown anakakamira mpaka 172, ndipo munthu wa nambala 10, Walter Livsey, anamenya 110 osatulutsidwa, Hampshire n'kufika 521, kenako anagwetsa Warwickshire pa 158 n'kupambana ndi ma run 155.

Tsono apa ndi pomwe ndimafuna mwana aphunzire kufunsa kuti kodi uyu ndani. Dinani dzina la Livsey. Anali wogwira kumbuyo kwa wiketi wa timuyo koma analinso wantchito wa Tennyson yemweyo, womukonzera zovala ndi kumulongedzera masutikesi. Ine nditawerenga izi ndinakhala chete kanthawi, chifukwa agogo anga aamuna anachoka ku Dedza wapansi kudzera ku Tete kudzagwira ntchito yomweyi m'nyumba za azungu muno mukadali Salisbury, kusita malaya, kupolisha nsapato, ndipo palibe pepala lililonse lomwe linalemba tsiku lawo lopambana. La Livsey linalembedwa chifukwa zinachitikira pabwalo pomwe pali munthu wolemba mpira uliwonse. Muonetseninso mwana kalembedwe ka maina pa makadi akale a ku England, osewera olemera osalandira malipiro ankawalemba ndi ulemu, zilembo zoyambira maina awo patsogolo, pomwe olipidwa ngati Livsey ndi Brown kawirikawiri linali dzina la bambo kaye, ndipo m'mabwalo ambiri ankavalira zipinda zosiyana mpaka kulowera zipata zosiyana. Kusiyanitsa kumeneku kunathetsedwa kumapeto kwa 1962. Mwana wokulira ku Highfield safuna kumufotokozera kwambiri za zipata ziwiri, agogo ake anamuuza kale.

Pali kankhani komwe kamayenda ndi gemu imeneyi, koti Calthorpe, kaputeni wa Warwickshire, atawaona agwa pa 15 anati gemu ikatha msanga tikasewere gofu, Tennyson n'kupsa mtima mpaka kubetcha kuti apambana. Mukapeza m'malo ambiri. Lembani ndithu koma muike chizindikiro choti iyi ndi nkhani yosimbidwa, siili pa scorecard. Ine ndinamuuza mphwanga agwiritse bolopeni ya buluu pa zomwe zili ndi umboni ndi yofiira pa zongosimbidwa, ndipo kope lake linayamba kuoneka ngati la munthu wodziwa chomwe akuchita.

Kenako nyuzipepala za nthawi yomweyo. Zambiri za ku England n'zolipira koma musadandaule, laibulale yaikulu ya Australia ili ndi tsamba lotchedwa Trove komwe nyuzipepala zawo zakale zili ulere, ndipo poti mu 1921 England inkalimbana ndi Australia, atolankhani awo analemba chilichonse. Ikani dzina, chaka 1921, ndi liwu loti Leeds. Zomwe zinachitika n'zoti Australia ya kaputeni Warwick Armstrong inali itakwapula England ma Test asanu onse kwawo, n'kubwera ku England kudzapambananso awiri oyamba, oponya awo aliwiro Jack Gregory ndi Ted McDonald akuopseza aliyense. Tennyson anaitanidwa pa Test yachiwiri ku Lord's n'kumenya 74 osatulutsidwa, ndiye yachitatu ku Headingley anamupatsa ukaputeni m'malo mwa Johnny Douglas. Akutchinga mpira womenyedwa mwamphamvu dzanja lake lamanzere linang'ambika, koma nthawi yake yomenya itakwana analowa choncho n'kumenya pafupifupi ndi dzanja limodzi, 63 ulendo woyamba ndi 36 wachiwiri. Aliyense amene anagwirapo bati akudziwa kuti kwa womenya wa kumanja dzanja lamanzere ndi lomwe limakhala pamwamba n'kumawongolera, nde taganizani mpira wolimba uja ukubwera pa liwiro la Gregory iwe ulibe chipewa choteteza mutu, dzanja lili m'mabandeji. Ndinamutengera mphwanga panja ndi bati lake kuti ayese ndi dzanja limodzi ine ndikumuponyera mpira wa tenisi pang'onopang'ono, anangokhudza iwiri mwa khumi. Chitani zimenezi ndi mwana wanu, zimalowa m'mutu kuposa kuwerenga.

England inagonjabe gemu imeneyo, izi nazo zilembedwe. Ndipo musabise pomwe munthu wanu analakwitsa. Test yotsatira ku Old Trafford tsiku loyamba lonse linapita ndi mvula, Tennyson anafuna kutseka innings, nthawi ya timu yake yomenya, madzulo a tsiku lachiwiri kuti Australia imenye, koma malamulo a nthawiyo sankalola kutseka mochedwa choncho gemu ikasanduka ya masiku awiri, ndiye Armstrong anakana, osewera anatuluka m'bwalo kukakambirana ndipo England inabwerera kukamenyanso. M'chisokonezomo Armstrong anaponya ma over awiri otsatizana, over kukhala mipira sikisi ya woponya mmodzi, popanda woona, chinthu choletsedwa. Kaputeni wolimba mtima yemweyo ndi yemwenso sanalidziwe lamulo, zonse ziwiri ndi iye.

Tsopano mpata uja wa 1914 mpaka 1918. Za usilikali musazisake pa masamba a mpira, amangolemba mzere umodzi. Boma la Britain lili ndi nyuzipepala yake ya zidziwitso, London Gazette, ili pa intaneti ulere, ndipo ofisala aliyense akalowa usilikali, akakwezedwa kapena akatchulidwa mu lipoti la mkulu wa nkhondo zimalembedwa mmenemo ndi tsiku lake. Kusakamo kumafuna kudekha chifukwa amalemba mwachidule kwambiri, yesani dzina la bambo ndi dzina la gulu lake la asilikali. Tennyson anayambira mu Coldstream Guards kenako anasamukira mu Rifle Brigade, anapita ku France mu 1914 nkhondo itangoyamba, anavulazidwa katatu ndipo anatchulidwa kawiri m'malipoti aja. Kenako pitani pa tsamba la Commonwealth War Graves Commission, koma dziwani kuti kumeneko kuli okhawo omwe anafa, ndiye iyeyo simumupeza. Lembani dzina la banja lokha muone. Mupeza abale ake awiri, Harold wa nkhondo ya pamadzi yemwe anafa mu 1916 ndi Aubrey yemwe anafa mu 1918. Mwa ana aamuna atatu anabwerera yekha, ndipo mayi awo anamwaliranso mu 1916 momwemo. Mphwanga atalemba izi anandifunsa kuti amalume, ndiye chifukwa chake sankaopa mpira? Ndinamuyankha kuti lemba ngati funso lako, usalembe ngati yankho, chifukwa palibe pepala lakuuza choncho. Koma mumtima ndinakondwa, mwana anali atayamba kulumikiza masamba atatu aja.

Mabuku ake asiyeni komalizira, ili ndi langizo lomwe ndingakakamire ngakhale wina atatsutsa. Analemba awiri onena za moyo wake, From Verse to Worse la 1933 ndi Sticky Wickets la 1950. Mukayamba ndi buku la mwini wake mumalowa m'thumba mwake, chilichonse mudzachiona ndi maso ake, pomwe mukabwera muli kale ndi masiku ndi manambala m'kope mumatha kuona pomwe wakometsera, pomwe wadumpha ndi pomwe wanena zoona zowawa. Fisi akagwa m'mbuna salankhula, koma munthu akagwira cholembera kulemba za iye mwini amalankhula mpaka zoonjeza. Munthuyu ankadziwika ndi kukonda juga, mpikisano wa akavalo ndi moyo wa madyerero, ndalama sizinkakhalitsa m'manja mwake, ndipo mwana asachotse zimenezi poopa kuti aphunzitsi aona ngati akunyoza. Mabuku akale ngati awa ndi ovuta kuwapeza muno, yesani kufunsa ku Harare City Library pa Rotten Row, yang'ananinso pa Internet Archive, ndipo zikakanika gwiritsani zomwe Wisden, buku la pachaka la kiriketi lija, linalemba za iye. Linamusankha m'gulu la osewera asanu opambana mu 1914, ndipo zolemba zake zambiri zakale zili pa ESPNcricinfo pomwepo. Chingerezi chake n'chakale, werengani limodzi mokweza, liwu lovuta mulisake pompo.

Za data, zithunzi za nyuzipepala zimadya kwambiri, ndiye pa Trove werengani mawu otayipidwa omwe amakhala pambali m'malo mokulitsa chithunzi, kungoti makina omwe anatayipa amalakwitsa manambala nthawi zina, 63 atha kuoneka 68, choncho nambala iliyonse itsimikizeni pa scorecard. Ife tinkagula bando ya usiku n'kusunga masamba oti tiwerenge mawa.

Polemba penipeni musalole mwana ayambe ndi anabadwa pa tsiku lakuti. Asankhe tsiku limodzi lomwe lamugwira mtima, ayambire pamenepo, kenako abwerere m'mbuyo kufotokoza kuti munthuyu anafika bwanji pa tsikulo. Mphwanga ndinkayesa asankha dzanja limodzi lija koma anasankha 15, akuti chifukwa timu yawo inagwapo pa 30 ndipo anabwerera kunyumba akulira. Ndipo theka la nkhani yake linathera pa Livsey.

Chomwe sindinayembekezere n'choti titamaliza, mlongo wanga yemwe ankangomvera ali pa mphasa anati achimwene, nanga agogo aja ankati anapita ku nkhondo bwanji osawafukula chonchi? Ankanena abambo awo a agogo athu aja, omwe kumudzi ankasimba kuti anatengedwa kukasenza katundu wa asilikali, amtengatenga. Ndiye ndikuuzeni mmene njira yomweyi imayendera mukaitembenuzira kwathu, chifukwa imayenda koma mosiyana. Nkhondo yomwe inavulaza Tennyson ku France inamenyedwanso kuno, ku German East Africa komwe lero ndi Tanzania, polimbana ndi asilikali a Germany otsogozedwa ndi von Lettow-Vorbeck. Anthu a ku Nyasaland analowa mu King's African Rifles, chipilala chawo chili ku Zomba mpaka lero, ndipo muno mu 1916 munakhazikitsidwa Rhodesia Native Regiment momwe munalowa anthu ambiri obwera kudzagwira ntchito kuchokera kwathu. Pa nkhondo yachiwiri ena anafika mpaka ku Burma. Koma London Gazette inkalemba kukwezedwa kwa maofisala, osati kwa msilikali wamba, ndipo mabuku a tsiku ndi tsiku a magulu a nkhondo omwe amasungidwa ku Kew ku London amatchula ofisala ndi dzina pomwe ena onse kawirikawiri amangokhala nambala, akuti avulala angapo basi. A Commonwealth War Graves Commission eni ake anavomera mu 2021 kuti anthu akuda ambirimbiri omwe anafera nkhondo yoyamba sanakumbukiridwe ndi maina ngati anzawo achizungu. Ndiye mukasaka dzina la agogo n'kusapeza kanthu musaganize kuti kumudzi ankanama.

Apa dongosolo limatembenuka, muyambe ndi pakamwa, mapepala pambuyo. Pitani kwa wamkulu kwambiri amene watsala pa banja, olo mumuimbire pa WhatsApp ngati ali ku Malawi, ndipo jambulani mawu ake atakulolani. Musafunse kuti anamenya nkhondo iti, ambiri sadziwa maina amenewo. Funsani kuti anachoka mudzi uti, mfumu yake ndani, boma liti, anapita ali ndi ana angati, anabwera ndi chani, jasi, mendulo, chipewa, nyimbo yomwe ankaimba akaledzera, mawu a Chiswahili omwe ankatukwanira ana. Zimenezi ndi zomwe zimakuuzani nkhondo yake ndi dera lake. Funsaninso maina ake onse, la kubadwa, la mfunda, la ubatizo kapena la ku mzikiti, ndi lomwe analembetsa pa chitupa atafika kuno, chifukwa anthu athu ambiri ankasintha dzina pa malire kapena kalaliki ankangolemba mmene wamvera, Phiri kusanduka Piri, mudzi kusanduka dzina la munthu. Vuto lomwe lija la Hon. ndi Major ndi Lord, kungoti lathu ndi lolemera. Ngati pali mendulo m'sutikesi ya agogo aakazi iyang'aneni m'mphepete ndi kumbuyo, ma mendulo a nkhondo yoyamba ankadindapo nambala, dzina ndi gulu la msilikali, ndipo nambala imeneyo ndi kiyi wa zitseko zonse.

Mukakhala ndi zimenezi m'kope ndiye mupite ku National Archives of Zimbabwe pa Borrowdale Road, tengani chitupa chanu ndi pensulo, funsiranitu za malipiro ndi nthawi yotsegulira kuti musawononge ya kombi pachabe, ndipo mukafika muwauze ogwira ntchito kumeneko zomwe muli nazo m'malo mongoti ndikufuna agogo anga. Ngati munthu wanu analembedwera ku Nyasaland mapepala ake angakhale ku National Archives of Malawi ku Zomba, mutume wachibale wa pafupi. Ife tayamba kale, azakhali athu a ku Dedza atiuza kuti mkuluyo anabwera ndi bulangete lofiirira ndi chifuwa chomwe sichinathe mpaka imfa yake, ndipo ankatchula malo otchedwa Songea. Mphwanga wausaka pa mapu waupeza kumwera kwa Tanzania, ndipo wagula kope lachiwiri. Loweruka likubwerali tikawaimbiranso azakhaliwo kuti atiuze dzina lomwe ankamuitanira anzake a ku nkhondo.